Kodi munthu amene amachita zabwino movutikira ali ndi ukoma? Funso pa chiphunzitso cha Aristotle

Wofunafuna analemba kuti:

Moni kwa inu nonse amene mumakambirana za nzeru za Agiriki akale. Kwa miyezi ingapo tsopano ndakhala ndikuwerenga buku la Aristotle lotchedwa Nicomachean Ethics, masamba ochepa usiku uliwonse ana akagona, ndipo ndafika pa mfundo imene yandisowetsa mtendere, moti ndaona kuti ndi bwino ndiitule pamaso pa inu amene munalisanthula bukuli kuposa ine.

M'chigawo chachiwiri, Aristotle akuti khalidwe lenileni la munthu limaonekera pa zimene zimamusangalatsa ndi zimene zimamuwawa. Akuti amene amapewa zokondweretsa thupi nakondwera ndi kupewako ndiye wodziletsa, koma amene amazipewa mtima ukunyinyirika, ameneyo kudziletsa sanakufikire. M'chigawo cha 7 akupatulanso anthu awiri amene pamaso amaoneka ofanana. Wina ali ndi zilakolako zoipa zamphamvu koma amadzigwira, pomwe winayo zilakolako zoterozo alibe, kotero alibenso choti alimbane nacho. Kwa Aristotle wachiwiriyu ndiye ali ndi ukoma weniweni, ndipo woyambayo ali pansi pake.

Chimene chandikhudza n'chakuti woyambayo ndine. Ndili ndi mtima wapachala kuyambira ubwana wanga, monganso analili bambo anga. Sabata yatha mwana wanga wazaka 6 anagubuduza kapu ya madzi pa mapepala akuntchito amene ndinakhala ndikulemba kwa masiku atatu. Ndinamva kutentha kukukwera kuchoka m'mimba kufika kumaso, dzanja langa linanyamuka lokha, ndipo ndisanayankhule kanthu ndinaona mwanayo ataphimba kale mutu ndi timanja take. Sindinam'menye. Ndinatsitsa dzanja, ndinatuluka panja, ndinaima mumdima mpaka kunjenjemera kutatha, kenako ndinabwera kudzayanika mapepalawo limodzi naye. Koma kunena zoona, nthawi yonseyo mtima wanga unkafuna kumenya, ndipo kufatsa kwangako sikunandikondweretse ngakhale pang'ono.

Mafunso anga ndi awiri, ngakhale kuti mwina muzu wake ndi umodzi. Loyamba, kodi n'chilungamo kunena kuti munthu amene wagonjetsa mkwiyo woopsa chotere ali pansi pa munthu amene sanapsepo mtima chibadwire, amene kufatsa sikumutayitsa kalikonse? Kwa ine zikuoneka kuti wolimbanayo ndiye woyenera ulemu waukulu. Lachiwiri, Aristotle akutsindika kuti zimene munthu wazolowera kuyambira ali mwana si nkhani yaing'ono, akuti ndiyo nkhani yonse. Ine ndili ndi zaka 38. Kodi m'maganizo a Agiriki akale munthu wamsinkhu wanga angasinthe mpaka kufika pokondwera ndi zabwino, kapena changa n'kungodzigwira ndikukukuta mano mpaka tsiku lomaliza la moyo wanga?

Mphunzitsi wopuma analemba kuti:

Achimwene, funso lanuli Agiriki eni ake analimbana nalo kwa zaka mazana angapo, ndipo ine ndikuyankhani monga munthu amene anaphunzitsa ana a eni kwa nthawi yaitali, osati monga katswiri.

Ndiyambe ndi liwu limene timalimasulira kuti ukoma. M'Chigiriki ndi arete, ndipo silinali liwu la anthu okha. Aristotle mwini akupereka chitsanzo cha diso ndi hatchi: arete ya diso ndiyo imalichititsa kuona bwino, ndipo arete ya hatchi ndiyo imaichititsa kuthamanga bwino, kunyamula woikwera ndi kuima nji pamaso pa adani. Mukamva liwuli motero mudzaona kuti Aristotle sakugawa mphoto kwa amene wakhetsa thukuta lambiri. Akufotokoza mmene munthu amakhalira pamene nzeru zake ndi zokhumba zake zikukoka mbali imodzi. Musaiwale kuti anali mwana wa dokotala. Bambo ake, Nicomachus, ankachiritsa m'nyumba ya Amyntas, mfumu ya ku Macedon, ndipo kaganizidwe ka udokotala kali ponseponse m'bukuli. Munthu amene anathyoka mwendo nayenda mtunda wautali ndi ndodo timamulemekeza kwambiri chifukwa cha khama lake, koma palibe dokotala amene anganene kuti mwendowo wapola, ndipo mwini mwendo nayenso salakalaka kuti ayende ndi ndodo mpaka kalekale pofuna kuti azitamandidwa. Mukanapatsidwa mwayi wosankha usiku umene uja, kodi mukanasankha kuti dzanja linyamuke kenako mulitsitse, kapena kuti lisanyamuke n'komwe? Ndikukhulupirira kuti mukanasankha chachiwiricho, makamaka chifukwa cha mwana amene anaona dzanjalo lili m'mwamba. Ndi pamenepo pamene Aristotle waika muyeso wake.

Koma sananyoze kudzigwira ayi. Koyambirira kwa chigawo cha 7 akukuika kudzigwira pakati pa zinthu zabwino ndi zotamandika, ndipo mukabwerera ku chigawo chachiwiri mudzapeza kuti njira yonse yopita ku ukoma imadutsa pamalo pamene mwaimapo. Akunena kuti liwu la Chigiriki lotanthauza khalidwe ndi lina lotanthauza chizolowezi amangosiyana pang'ono pa katchulidwe, chifukwa khalidwe limabadwa m'chizolowezi. Mwala, akutero, ngakhale muuponye m'mwamba ka 10,000 sudzazolowera kukwera, popeza chibadwa chake ndi kugwa. Munthu sali choncho: sabadwa ndi ukoma, komanso ukoma sutsutsana ndi chibadwa chake, amangobadwa ali wokhoza kuulandira. Womanga nyumba amaphunzira pomanga, woimba zeze amaphunzira poimba zeze, ndipo momwemonso timakhala olungama pochita zolungama, olimba mtima pochita zolimba mtima. Pa mndandanda womwewo akutchulanso mkwiyo, kuti ena amasanduka ofatsa ndipo ena aukali malinga ndi zimene amachita mobwerezabwereza akaputidwa. Aliyense amene anamvapo mwana akuphunzira kuimba chida cha zingwe akudziwa kuti masiku oyamba zala zimatupa ndipo nyimbo siikoma, ngakhale kwa woimbayo. Kukoma kumabwera pambuyo, zala zitalimba.

Aristotle anaiona yekha mfundo imene ingam'tsutse pano. Ngati timakhala olungama pochita zolungama, kodi wochita zolungamayo sali wolungama kale? Yankho lake n'lakuti ntchito ikhoza kukhala yolungama pamene woichitayo sanafike pa chilungamo. Kuti afikepo pafunika zinthu zitatu: achite akudziwa chimene akuchita, achisankhe chifukwa cha ubwino wake womwewo, ndipo achite kuchokera mumtima wokhazikika wosagwedezeka. Inu zoyamba ziwirizo munali nazo usiku umene uja. Chachitatucho ndicho chimene Agiriki ankachitcha hexis, ndipo sichigwa kumwamba, chimaunjikana kuchokera ku masiku ambiri onga limenelo. Akulangizanso kuti aliyense adziwe mbali imene amapendekera, ndipo adzikokere mwamphamvu ku mbali inayo, monga amachitira anthu owongola thabwa lokhota. Kutuluka kwanu panja kunali kukoka koteroko.

Pali ndime ina m'chigawo cha 7 imene ndikufuna muiwerenge modekha, chifukwa ikukamba za inu ndithu. Aristotle akuti kugonja ku mkwiyo n'kochititsa manyazi pang'ono poyerekeza ndi kugonja ku zilakolako za thupi, chifukwa mkwiyo umamva nzeru ikamayankhula, kungoti umamva molakwika. Akuufanizira ndi wantchito waphuma amene amathamanga asanamve uthenga wonse nakachita zosiyana ndi zimene watumidwa, komanso ndi galu amene amauwa akangomva kugogoda asanaone ngati wobwerayo ndi mnzake wa pakhomo. Pomwepo akusimbanso za munthu amene ankamenya bambo ake nadziteteza ponena kuti bambowo ankamenyanso bambo awo, ndipo analoza kamwana kake nati nakonso kakadzakula kadzam'menya iye, pakuti ndi za kumtundu. Popeza mwatchula bambo anu, ndaona kuti mudziwe kuti Aristotle ankadziwa bwino kuti ukali umayenda m'mabanja, koma sanaleke kunena kuti kufatsa kumaphunzirika.

Mayi wosamalira odwala analemba kuti:

Aphunzitsi, mwalongosola momveka, koma mundilole ndisiyane nanu, chifukwa ndikuona kuti mwam'chepetsera Aristotle mlandu umene ali nawo.

Ndimagwira ntchito yosamalira odwala, nthawi zambiri usiku. Ndagwirapo ntchito ndi anzanga amene anabadwa ofatsa, amene wodwala womva ululu akawatukwana pakati pa usiku amangomwetulira ngati sanamve. Ndagwiraponso ndi ena amene ndinawaona akuluma mlomo mpaka kutuwa, manja akunjenjemera, koma n'kupitiriza kumanga bala mosamala ngati palibe chachitika. Mukandifunsa kuti mwa awiriwa ndi uti wachita chinthu chimene tingati n'chake, ine ndiloza wachiwiriyo. Woyambayo anangolandira mphatso.

Vuto limeneli la mphatso Plato, mphunzitsi wa Aristotle, analiona Aristotle asanalembe. Buku lake lotchedwa Meno likuyamba ndi mnyamata wa ku Thessaly akufunsa Socrates, mphunzitsi wa Plato, mosazungulira ngati ukoma umaphunzitsidwa, kapena umabwera poyeserera, kapena munthu amabadwa nawo. Pakati pa zokambiranazo Socrates akutchula akuluakulu a mzinda wa Athens amene aliyense ankawalemekeza. Themistocles anaphunzitsa mwana wake Cleophantus kukwera hatchi mpaka mnyamatayo ankatha kuimirira pamsana pa hatchi ndi kuponya nthungo ali chiimire, koma nzeru ndi ubwino wa bambo ake sanazitenge. Pericles naye anaphunzitsa ana ake, Paralus ndi Xanthippus, zokwera hatchi, zoimba ndi zamasewera, koma pa ukoma sanafanane naye. Ngati anthu otere analephera kupatsira ana awo omwe, ndani angaphunzitse? Bukulo likutha Socrates akunena kuti zikuoneka ngati ukoma umabwera monga gawo lochokera kwa milungu. Tsono ngati zili choncho, kuika wofatsa chibadwire pamwamba pa wolimbana n'kutamanda mwayi.

Aristotle sabisa kuti chiphunzitso chake chimadalira mwayi. Akunena kuti wofuna kumvetsera maphunziro a khalidwe ayenera kukhala woleredwa bwino kale. Akunenanso kuti eudaimonia, moyo wokoma umene ndiwo cholinga cha zonse, umafuna zinthu zakunja monga abwenzi, chuma, kubadwira m'banja labwino ndi ana abwino, ndipo akuvomera kuti munthu amene wagweredwa ndi matsoka onga a Priam, mfumu ya ku Troy imene inaona ana ake akuphedwa ndi mzinda wake ukuwonongedwa iyo itakalamba, palibe angamutche wodala. M'buku lake lina lotchedwa Politics akufika ponena kuti pali anthu amene ndi akapolo mwachibadwa, opanda mphamvu yolingalira chochita, ndi kuti mkazi mphamvuyo ali nayo koma ilibe ulamuliro. Monga mkazi sindingawerenge mawu amenewo n'kungodutsa. Amandionetsa kuti pamene ankaphunzitsa ku Lyceum, sukulu imene anaitsegula ku Athens m'chaka cha 335 BC, anthu amene ankawaona m'maganizo mwake anali amuna aufulu oleredwa bwino, okhala ndi nthawi yokwanira. Munthu amene anakulira m'nyumba ya mkwiyo sanali pakati pa chithunzicho.

N'chifukwa chake, achimwene, ine ndikukulozerani kwa Socrates. Cicero, wolemba wa ku Rome, akusimba za munthu wina dzina lake Zopyrus amene ankati amadziwa khalidwe la munthu pongoyang'ana nkhope. Atayang'ana Socrates anatchula zoipa zambirimbiri, ndipo anthu amene analipo anamuseka popeza zoipazo sankaziona mwa Socrates. Koma Socrates anam'khalira kumbuyo, nati zoipazo anabadwa nazodi, kungoti anazigonjetsa ndi nzeru. Socrates ameneyu ndi munthu yemwe uja amene olamulira ankhanza 30 a ku Athens atamulamula kuti akagwire Leon wa ku Salamis kuti aphedwe, iye anangonyamuka n'kupita kwawo, akudziwa kuti akhoza kufa nazo, ndiponso amene m'chaka cha 399 BC anakana kuthawa m'ndende namwa chakumwa chakupha. Ngati munthu amene Agiriki ambiri ankamuona ngati chitsanzo cha ukoma anayamba ndi chibadwa chokhota, ndiye kuti kulimbana si chizindikiro cha munthu wotsika.

Wophunzira filosofi analemba kuti:

Amayi, zimene mwanena za akapolo ndi akazi n'zoona, ndipo palibe chifukwa chozipaka mafuta. Koma nkhani ya Zopyrus ndikuiona kuti ikuthandiza aphunzitsi kuposa inu. Anthu aja anaseka chifukwa zoipazo sizinkaonekanso mwa Socrates. Sakutiuza za munthu amene ankaluma mlomo tsiku ndi tsiku mpaka ukalamba, akutiuza za munthu amene analimbana mpaka kulimbanako kunatha.

Ndikufuna kuwonjezera mfundo imene ndikuganiza kuti ndiyo ingamasule funso loyamba la achimwene athuwa, ndipo ili m'chigawo chachitatu, pamene Aristotle akukamba za kulimba mtima. Pamenepo akuvomera poyera kuti msilikali wolimba mtima sakondwera ndi mabala kapena imfa. Akunena kuti pamene munthu ali ndi ukoma wochuluka ndi moyo wokoma, imfa imamuwawa koposa, chifukwa moyo wake ndi woyeneradi kukhala nawo ndipo akudziwa bwino kukula kwa chimene akutaya. Akufanizira ndi ankhonya, amene nkhonya zimawapweteka monga anthu a mnofu, ngakhale kuti chimene akuchifuna, nkhata ya ulemu, n'chokoma. Choncho si zoona kuti kwa Aristotle kuwawidwa kulikonse kumasonyeza kuti ukoma palibe. Funso ndi lakuti chikukuwawa n'chiyani. Pali kuwawidwa chifukwa chotaya chinthu chabwinodi, ndipo kumeneko munthu wa ukoma amakumva, mwinanso kuposa ena. Palinso kuwawidwa chifukwa chomanidwa choipa chimene mtima umachilakalaka, ndipo kumeneko ndiko kumasonyeza kuti ntchito ikadalipo. Achimwene, kumva chisoni chifukwa cha ntchito ya masiku atatu imene yanyowa si vuto, ndipo Aristotle sangakudzudzuleni. Chimene muyenera kudzifunsa n'chakuti pamene munaima mumdima muja, chinkakuwawani chinali mapepala, kapena kuti simunamenye.

Tisaganizenso kuti kufatsa kwa Aristotle ndi kusakwiya konse. M'chigawo chachinayi akunena kuti wotamandika ndi amene amakwiyira zinthu zoyenera, anthu oyenera, mwanjira yoyenera, pa nthawi yoyenera ndi kwa nthawi yoyenera, ndipo amene sakwiya ngakhale pa zinthu zofunika kukwiyira amaoneka wopusa. Mnzanu uja, amayi, amene amangomwetulira pa chilichonse, mwina ali ndi chimene Aristotle amachitcha ukoma wachibadwa, umene umapezeka ngakhale mwa ana ndi nyama, koma ukoma weniweni umafuna phronesis, luntha lozindikira chochita pa nkhani imene ili pamaso pako. Choncho sakutamanda mwayi wa chibadwa monga mwanenera. M'chigawo chachinayi chomwecho akusiyanitsanso mitundu ya anthu aukali, ndipo akuti amtima wapachala amakwiya msanga ndi mopitirira koma amalekanso msanga, chimene akuti ndicho chabwino mwa iwo, kusiyana ndi osunga mangawa amene mkwiyo amaubisa mumtima nthawi yaitali.

Za pakati pa kupyola muyeso ndi kuperewera, pamene Aristotle amati ukoma umakhala, anthu ambiri amazimva ngati masamu, koma iye anakana zimenezo ndi chitsanzo cha chakudya cha ochita masewera. Ngati miyeso 10 ndi yambiri ndipo miyeso 2 ndi yochepa, sizitanthauza kuti wophunzitsa masewera apatse aliyense miyeso 6, chifukwa kwa Milo, katswiri wolimbana wa ku Croton, imeneyo ingachepe, pomwe kwa woyamba kumene ingachuluke. Pakati pa munthu aliyense pamapezeka ndi luntha lija, ndipo akuti luntha limeneli achinyamata sakhala nalo ngakhale atakhala akatswiri a masamu, chifukwa limabwera ndi zaka za kuona zinthu. Pa mbali imeneyi zaka 38 si chopinga.

Pa funso lachiwiri ndiyenera kunena zonse ziwiri zimene analemba. M'chigawo chachitatu mawu ake ndi olimba: munthu amene wazolowera zoipa ali ngati wodwala amene ananyozera malangizo a dokotala, poyamba akanatha kupewa matendawo koma tsopano sangachire pongofuna, monga amene waponya mwala sangaubwezenso m'dzanja. Koma onani kuti akuti sangachire pongofuna, sakuti sangachire konse. Ndipo m'buku lina laling'ono lotchedwa Categories akunena momveka kuti munthu woipa akatsogoleredwa ku makhalidwe ndi mayankhulidwe abwino akhoza kusuntha pang'ono, ndipo akasuntha pang'ono kusuntha kwina kumapepuka, mpaka akhoza kufika ku khalidwe losiyana kotheratu ngati nthawi yamulola. Kuwonjezera apo, wodzigwira si woipa. Woipa amaganiza kuti zimene akuchita n'zoyenera ndipo samva chisoni pambuyo pake, n'chifukwa chake Aristotle amamuona wovuta kuchiza. Inu chiweruzo chanu chili bwinobwino, ndipo chinapambana.

Wofunafuna analemba kuti:

Zikomo kwambiri aphunzitsi, amayi ndi inu achimwene. Funso lakuti chinkandiwawa n'chiyani ndagona nalo masiku awiri, ndipo ndiyankha moona. Pa mphindi zoyamba chinkandiwawa chinali chakuti sindinamenye. Thupi lonse linkamva ngati lalandidwa chinthu chake. Mapepalawo ndinayamba kuwaganizira pambuyo pake. Koma pamene ndinkalowanso m'nyumba, chimene chinandilasa kuposa zonse chinali kukumbukira timanja tija pamutu, chifukwa mwana saphimba mutu pokhapokha ngati anaonapo kale chimene chimatsatira dzanja likanyamuka. Pamenepo ndinazindikira kuti pamene ine ndikudandaula za zimene ndinazolowera ndili mwana, pali mwana wina m'nyumba mwanga amene akuzolowera zake panopa, ndipo akuzitenga kwa ine.

Ndikuvomera tsopano kuti sindikufuna kukhala wodzigwira mpaka kalekale, ngakhale anthu atandipatsa ulemu wotani chifukwa cha kulimbanako. Komabe mawu a amayi sanandichoke. Ngati Aristotle ankalembera anthu oleredwa bwino kale, kodi pakati pa Agiriki panali wina amene anapereka njira yeniyeni, ya tsiku ndi tsiku, kwa munthu amene wayamba mochedwa?

Mphunzitsi wopuma analemba kuti:

Amayi, pa nkhani ya akapolo ndi akazi ndilibe chomutetezera Aristotle. Analakwa, ndipo analakwa pa chinthu chimene munthu wopenyetsetsa ngati iye akanatha kuchiona. Ndingowonjezera chimodzi kwa achimwene, chimene inu osamalira odwala muchidziwa kuposa ine. Iye akuti cholinga cha maphunzirowa si kudziwa kuti ukoma n'chiyani koma kukhala anthu abwino, ndipo akudandaula kuti ambiri amathawira m'zokambirana naganiza kuti potero akhala abwino, monga odwala amene amamvetsera dokotala mwachidwi koma osachita ngakhale chimodzi mwa zimene wawalamula. Ndondomeko ya tsiku ndi tsiku imene mukuifunsa sanailembe mwatsatanetsatane, chifukwa ankayembekeza kuti ntchito imeneyo aigwira makolo ndi malamulo a mzinda. Amene anailemba ndi a gulu lina, ndipo ndikuganiza kuti amayi akuwadziwa.

Mayi wosamalira odwala analemba kuti:

Ndikuwadziwa, aphunzitsi, ndipo ndi amene ndimawawerenga ntchito ikachepa usiku. Ndi Asitoiki, gulu limene Zeno wa ku Citium analiyambitsa ku Athens cha m'ma 300 BC, Aristotle atamwalira kale m'chaka cha 322 BC. Iwo anakana zoti moyo wokoma umadalira kubadwira pabwino, chuma kapena thanzi, nati chabwino chenicheni ndi ukoma wokha, ndipo ukoma uli m'manja mwa aliyense. Sindigwirizana nawo pa zonse. Ankaphunzitsa kuti mkwiyo uyenera kuzulidwa wonse, pomwe ine ndikuona kuti Aristotle ananena zoona kuti pali zinthu zoyenera kukwiyira, ndipo ndaonapo zina mwa izo zikuchitikira odwala osowa wowayankhulira.

Koma amene ndikufuna mumudziwe, achimwene, ndi Epictetus. Anabadwira ku Hierapolis, anakhala kapolo ku Rome, ndipo atamasulidwa anadzatsegula sukulu yake ku Nicopolis, ku Greece, kumene wophunzira wake Arrian analemba zimene ankaphunzitsa. Anali munthu wa gulu la akapolo lomwe lija limene Aristotle ankalikayikira, koma pa nkhani ya chizolowezi awiriwa akunena chimodzi. Epictetus akuti chizolowezi chilichonse chimakula ndi ntchito zake, kuyenda kumakula poyenda ndipo kuthamanga pothamanga, kotero munthu akakwiya asaganize kuti choipa chachitika ndi cha tsiku limenelo lokha, wawonjezeranso nkhuni pamoto. Akuti mtima umene wagwidwapo ndi chilakolako umatsala ndi zipsera, ndipo zikapanda kupola bwino, ukakwapulidwanso pomwepo zimasanduka zilonda. Ine amene ndimatsuka zilonda ndikudziwa kuti pamenepo sanakokomeze.

Njira yake ndi yakuti usadyetse chizolowezicho kanthu, ndipo uziwerenga masiku amene sunakwiye. Poyamba unkakwiya tsiku lililonse, kenako udumphitsa tsiku limodzi, kenako awiri, kenako atatu, ndipo ukafika masiku 30 upereke nsembe yothokoza kwa mulungu, chifukwa chizolowezi chimayamba chafooka kenako n'kutheratu. Ine ndinayesa zimenezi pa vuto langa la kuyankha odwala mokalipa ndikatopa. Ndinkalemba kachizindikiro kumapeto kwa kabuku kanga ka ntchito m'mawa uliwonse ndikamaweruka, ndipo ndinabwerera pa 1 kangapo ndisanafike pa 30. Chimene ndinaona n'chakuti cha m'sabata yachitatu mawu okalipa aja ankabwerabe, koma ankafika mochedwa, ine nditayamba kale kuyankha bwino.

Usiku wa kapu ya madzi uja muuwerenge ngati tsiku loyamba, popeza dzanja munalitsitsa. Tiuzeni kuti lero mwafika pa tsiku lachingati, ndipo mukabwerera pa 1 mutiuzenso, kuti tidzaone limodzi chimene chinachitika tsiku limenelo dzanja lisananyamuke.